Ndinathawa masamu kusukulu, anakandipeza kowotcherera zitsulo

Mwezi watha kunabwera mayi ena kushedi kwanga kuno ku Kamuzu Road ku Salima, atatsogoza mwana wawo wamwamuna, mnyamata woti ndevu zayamba kale kutuluka. Atakhala pabenchi anati, "Achimwene, mwanayu sukulu yamukana. Mutithandizeko aphunzire zowotchererazi, poti izi ndi za manja, sizilira mutu." Ndinaseka, koma kunali kuseka kwa manyazi, chifukwa mawu amenewa ndi omwe ndinkayankhula ineyo ndisanagwire chitsulo.

Kwathu ndi cha ku Lifuwu, kumene munthu ukapanda kulima mpunga ndiye kuti uli panyanja. Bambo anatisiya ndili Fomu 2. Amalume anayesetsa, anandilipirira materemu atatu, koma nawonso ana awo anali pamzere, ndiye mu 2018, teremu yachiwiri ya Fomu 3, ndinangosiya. Ndikamafotokozera anthu ndimati linali vuto la fizi, ndipo si bodza. Koma pano ndinene zonse. Tsiku limene anatibweza paasembule kuti tikatenge ndalama, ine mumtima ndinati zikomo. Masamu ankandizunguza mutu kuyambira Sitandade 6, makalasi ndinkangokwera ndi maphunziro oloweza, ndiye fizi inangondipatsa chifukwa chomveka bwino pagulu. Tsoka lake, zaka zimenezo mayeso a JCE anali atathetsedwa, anadzawabwezeretsa mu 2021. Zaka ziwiri ndi theka zimene ndinakhala ku sekondale sizinandisiyire pepala lililonse. M'chikwama munali satifiketi ya Sitandade 8 basi.

Ndinatsikira ku Senga Bay kukalowa gulu la chilimila. Mumanyamuka dzuwa likulowa, siginala amatsogola ndi nyali zake kukaitana usipa, inu n'kumakoka khoka usiku wonse mpaka zikhatho kuchita matuza. Kukacha mwini boti amayamba wachotsa za mafuta, n'kutenga gawo lake, zotsalazo ndiye mugawane gulu lonse. Tsiku labwino m'thumba mumalemera ndithu, koma ndalama ya panyanja siigona: chiwaya, mowa, kubetcha mpira, pofika madzulo wabwerera pomwe unali dzulo. Mwera ukayamba mu Juni ndi Julayi, sabata imatha boti lili pamchenga, anthu mukungosewera bawo ndi njala. Tsiku lina nangula wathu anathyoka dzino limodzi, ndipo ananditumiza ine kuti ndipite naye kwa wowotcherera. Bamboyo anagwira ntchitoyo mphindi zosakwana teni, uku akucheza ndi mnzake za mpira wa Bullets, kenako anatchula mtengo wofanana ndi zomwe ine ndinapeza usiku wonse wa dzulo lake. Ndinabwerera ndi nangula pa kaliyala, mutu uli pa zimenezo.

Apa ndi pomwe ndinalakwitsa koyamba, ndipo ndi cholakwa chimene achinyamata ambiri akuchitabe. Kumayambiriro kwa 2020 ndinaona chipepala pamtengo wa padepoti, chokongola bwino, cholengeza "koleji" yophunzitsa kuwotcherera, zamagetsi, zophikaphika, zamahotela, zonse m'miyezi itatu, ntchito n'kukupezera okha. Mayi anagulitsa matumba awiri a mpunga ndi mbuzi imodzi, tinakalipira K60,000. Kolejiyo inali nyumba ya lendi ya zipinda zitatu. Ophunzira zowotcherera tinalipo oposa 30, makina amodzi, akale, amene nthawi zambiri ankati "akudikira sipeya". Masabata asanu tinkangokopera manotsi a Chingerezi pabolodi, ine osamva ngakhale theka. Mu Malichi boma linatseka sukulu zonse chifukwa cha Covid-19, ndipo sukulu zina zitatsegulidwa kumapeto kwa chaka, yathu sinatsegulidwenso. Nyumba ija inalowa banja, foni ya mwini wake siinkapezeka. Chikomekome cha mkuyu.

Chimene chimandiwawa mpaka lero n'choti mafunso amene akanapulumutsa mbuzi ya mayi ndi aulere. Sukulu yophunzitsa ntchito zamanja imayenera kulembetsedwa ku TEVETA, bungwe la boma loyang'anira maphunziro a ntchito zamanja, ndipo ngati ndi yolembetsedwa, chikalata chake amachipachika poonekera, sachita nacho manyazi. Afunseni kuti mayeso anu adzakuyesani ndani, ndipo pasatifiketi padzakhala dzina la ndani. Musapite tsiku lolembetsa lokha ayi, pitani tsiku wamba cha m'ma 10 koloko, mukawerenge makina ndi maso anu, muwerengenso anthu. Mufunse kuti amene anamaliza chaka chatha ali kuti, mukampeze mmodzi mucheze naye. Ine ndinalipira osafunsa kalikonse mwa izi, ndinangokopeka ndi zithunzi za anthu ovala mahelemeti achikasu.

Zoti maphunzirowa ali ndi njira zake ndinadzazidziwa mochedwa, kwa mkulu wina wa kuofesi ya achinyamata kuboma. TEVETA inakhazikitsidwa ndi lamulo la Nyumba ya Malamulo mu 1999, ndipo gawo lalikulu la ndalama zake limachokera kwa olemba anthu ntchito, amene amasonkha 1 peresenti ya ndalama zonse zimene amalipira antchito awo. Pamwamba pali makoleji akuluakulu a boma: Lilongwe, Namitete, Soche, Nasawa, Mzuzu, Livingstonia, ndi yathu ya Salima Technical College imene ili ku Senga Bay konko. Geti lake ndinkadutsa pafupifupi tsiku lililonse ndili msodzi, osadziwa kuti m'katimo muli chiyani. Kumeneko amafuna MSCE, ndipo malo amalengeza m'nyuzipepala ndi pawailesi. Kenako pali makoleji a m'madera amene boma linayamba kutsegula mu 2015, yoyamba inali ya Ngara ku Karonga, ndipo anansi athu a ku Nkhotakota ali ndi yawo ku Mbandira. Pansi pake ndiye pali khomo la anthu ngati ine: maphunziro a miyezi yochepa, kaya pamalo ophunzitsira luso a m'mudzi kaya kwa mmisiri wodziwika, amene safunsa MSCE.

Khomo lomalizali lili ndi vuto limodzi, silikhala ndi chikwangwani. Mabungwe akabwera ndi mwayi wotere, mayina amatolera kudzera m'makalabu a achinyamata, makomiti a chitukuko a VDC ndi ADC, mafumu, mipingo ndi mizikiti. Ukakhala kuti suli paliponse, umangomva anzako atanyamuka kale. Ine makalabu a achinyamata ndinkawanyoza, ndinkati ndi a anthu ochita masewero ndi kuvina pamisonkhano kuti apatsidwe Fanta. Ndinalowa kalabu ya kwathu monyinyirika, koma dzina langa linadutsira momwemo.

Podikira mwayiwo sindinakhale. Mu 2021 amalume anandiperekeza kwa mmisiri wina wachikulire kuno kutauni, amene anawotcherera zaka zoposa 25. Tonse tinkangowatchula kuti madala. Miyezi itatu yoyamba sanandilole kukhudza holder, chogwirira rodi, kachitsulo kamene kamasungunuka powotcherera. Ntchito yanga inali kusesa, kunyamula zitsulo kuchokera ku hardware paphewa, kupala dzimbiri, kupaka red oxide, kugula mandasi. Ndinkaona ngati akundidyera masuku pamutu, ndipo pena n'zoona, amisiri ena amasunga mwana zaka ziwiri ngati wantchito waulere osamuphunzitsa kanthu. N'chifukwa chake makolo muzigwirizana ndi mmisiri poyera kuti mwana adzayamba liti kuwotcherera, nkhomaliro ndi ya ndani, ndipo akayamba kuthandiza pa maoda adzapatsidwa zingati. Koma madala athu sanali otero. Iwo ankaonetsetsa kaye ngati ndidzabwerenso mawa.

Sabata yachiwiri ndinaphunzira za maso. Ndinkagwirira madala chitsulo, ndipo m'malo motembenuka ndinkasuzumira moto uja, poti unkandisangalatsa. Masana onse ndinali bwinobwino. Cha m'ma 1 koloko usiku ndinadzidzimuka maso akuwotcha ngati wina wathiramo mchenga wa kunyanja, misozi ili chuchuchu, kutsegula osatheka, kutseka osatheka. Anzanga anandiuza zothiramo mkaka, wina anati ndiike mbatatesi. Musamathire zinthu m'maso. M'mawa ndinapita kuchipatala, anandipatsa mankhwala, patapita masiku awiri ndinachira. Kuwala kuja kumapsereza khungu la pamwamba pa diso, ndipo magalasi akuda a pamsika, aja ovala padzuwa, sateteza kanthu. Muone amisiri akale ambiri mmene maso awo anafiirira. Helemeti ya galasi loyenera igulidwe nsapato za Khrisimasi zisanagulidwe.

Kumapeto kwa chaka chomwecho dzina langa linatuluka. Bungwe lina linatitenga achinyamata 20 kuti tiphunzire kuwotcherera miyezi isanu ndi umodzi, inayi pamalo ophunzirira, iwiri ku atachimenti. Atsikana analipo atatu. Fizi kunalibe, ndiye tonse tinkati ndi zaulere. Zaulere zake ziti? Panafunika chipinda cha lendi kwa ife ochokera kutali, ufa, ndiwo, sopo, thiransipoti. Maovolosi ndi nsapato zinabwera mwezi wachiwiri uli kumapeto, ndiye malaya anga awiri anali atabooka kale ndi ziphaliphali za moto. Pofika tsiku lomaliza tinatsala 13. Asanu ndi awiri aja sanalephere ntchito ayi, wina mwa iwo anali ndi dzanja labwino kuposa tonse, koma njala inawabweza, makamaka mu Januwale ndi Febuluwale, kumudzi kukufunika manja opalira. Amene mukufuna kulowa maphunziro otere, konzani thumba la chimanga ndi malo ogona musanakondwere ndi mawu oti ulere.

Tsiku loyamba kuyatsa rodi sindidzaliiwala. Unkangoti ukhudze chitsulo, rodi n'kukakamira, makina n'kumang'ung'udza, iwe n'kumakoka ngati wakola mlamba. Aphunzitsi athu anandigwira dzanja kumbuyo n'kunena kuti, "Usamabaye, uzikhwatcha ngati machesi, kenako ukweze pang'ono, mpata wake ukhale ngati kunenepa kwa rodi yomweyo." Anatiphunzitsa kumvera ndi khutu. Moto ukakhala bwino umalira mosadukiza ngati usipa uli m'mafuta otentha. Ukamathetheka n'kumalavula, ndiye kuti wakweza dzanja kwambiri kapena mphamvu yachuluka. Rodi ya 2.5 imafuna ma amp apakati pa 60 ndi 90, ya 3.2 imakwera mpaka cha m'ma 130, ndipo pa square tube yopyapyala imene anthu amakonda chifukwa chotchipa, ukangowonjezera pang'ono waboola. Mzere ukatuluka bwino, khoko lake la pamwamba limadzitukula lokha likamazizira, pansi n'kuoneka mizere yondondozana ngati mamba a chambo. Wanga woyamba unkaoneka ngati zitosi za nkhuku. Patatha masabata asanu ndi limodzi khoko linadzitukula lokha, ndinalitola n'kukalisunga m'thumba ngati ndalama.

Apa ndinayamba kudzimva. Pa kuwotcherera penipeni ndinali m'gulu la patsogolo, poti kwa madala ndinali nditaonera kale zambiri. Maphunziro a m'kalasi, aja a miyeso, kuwerenga zojambula ndi kuwerengetsa mitengo, ndinkakhala kumbuyo n'kumawodzera. Ndinkati ine ndabwerera moto, osati bolopeni.

Atachimenti ndinakachitira kwa madala omwe aja. Tsiku lina mphunzitsi wina wa pulayimale amene ankamanga nyumba anapereka oda ya mawindo anayi. Madala anagula zitsulo, analemba miyeso pa katoni, n'kundiuza kuti, "Mphwanga, ndikupita kumaliro ku Khombedza. Udule zoimirira zonse eyiti, ndikabwera tilumikize." Pakatonipo panalembedwa 1.5 m. Ndinakoka tepi, ndinapeza pa mita imodzi, ndinawerenga timizere tikuluikulu tisanu kutsogolo kwake, n'kulemba ndi choko. Wani poyinti faifi, mita imodzi ndi faifi. Ndinadula choyamba, n'kuchigwiritsa ntchito ngati muyeso wa zinzake, zonse eyiti, zofanana bwinobwino, m'mphepete mosalala. Ndinazindandalika pansi mwadongosolo kuti madala adzandiyamikire.

Atabwera madzulo anaima n'kuziyang'ana nthawi yaitali. Anatola chimodzi, anachiimika pambali pa mwendo wawo, chinawafika m'chiuno. Anafunsa mofatsa, "Kodi aphunzitsi aja anati akumanga nyumba kapena khola la nkhunda?" Ndinali nditadula masentimita 105 m'malo mwa 150. Chitsulo chachitali umachidula, koma chachifupi ulibe nacho chochita, ukachilumikiza pawindo la munthu chimaoneka. Zitsulo ziwiri za mamita sikisi zinapita choncho. Madala sanakalipe, ndipo kukanakhala bwino akanakalipa. Anangoti ndalama ya sopo imene ankandipatsa Loweruka lililonse aziidula mpaka zitsulozo zitakwana, ndipo zinatenga masabata asanu ndi awiri.

Amene anandichotsa manyazi ndi mmodzi mwa atsikana atatu aja, wa ku Chipoka, amene anasiyira Fomu 2 chifukwa cha mimba ndipo ankabwera kumaphunziro atasiya mwana kwa agogo ake. Anyamata tinkamuseka kuti grinder idzamugwetsa, koma pa miyeso panalibe womufika. Nditamufotokozera, sanaseke. Anatenga tepi n'kundifunsa, "Achimwene, munthu akakubwerekani K1,500 n'kukubwezerani K1,050, mungalandire?" Ndinati ayi, pasowa K450. Anati, "Ndiye basi. Mita imodzi ndi K1,000. Milimita iliyonse ndi kwacha imodzi. Poyinti faifi ndi theka, K500. Inu pa ndalama simuphonya, mukuphonyeranji patepi?" Zaka zonse zija aphunzitsi ankalemba madesimo pabolodi ine n'kumaona ngati ufiti, zinandilowa tsiku limenelo titakhala pa njerwa. Kuyambira pamenepo muyeso uliwonse ndimausandutsa mamilimita ndisanadule: 1500, 1200, 900. Kasitomala akanena mafiti kapena mainchesi, poti omanga nyumba akale amakonda zimenezo, ndimapita ndekha kukayeza pakhomapo.

Nditangotsegula mutu, ndinaona kuti shedi yonse ndi masamu okhaokha. Felemu kuti ikhale sikweya, umayeza kuchokera ngodya ina kukafika ngodya yopingasana nayo, mbali zonse ziwiri, ndipo miyesoyo ifanane. Pa geti lalikulu pomwe kasikweya ka m'manja sikathandiza, umayeza 600 mbali ina, 800 mbali inayo, ndipo pakati pa madontho awiriwo payenera kukwana 1000 ndendende. Madala ankachita zimenezi zaka zonsezi osadziwa dzina lake, ine ndinadzapeza m'buku la Fomu 2 kuti ndi Pythagoras yemwe uja ndinkamuthawa. Ndiponso chitsulo chikatentha chimakoka, ndiye sumawotcherera ngodya imodzi mpaka kumaliza. Umayamba wadontheza timadontho m'ngodya zonse zinayi, uyezenso, ukonze ndi hamala, kenako uziwotcherera modumphadumpha. Ukapupuluma, felemu imapotoka ndipo chitseko sichitsekeka mpaka kalekale.

Miyezi imeneyo inalinso ya mdima. Mu Januwale 2022 namondwe wa Ana anawononga damu la Kapichira, dziko linataya pafupifupi mamegawati 130, ndipo magetsi ankatha kuzima tsiku lonse. Tinkagona mushedi, akayaka 11 koloko usiku n'kudzuka kuyamba ntchito mpaka mbandakucha, anthu oyandikana nafe akutukwana phokoso la grinder. Tinkaseka tokha kuti dzuwa la ku Nanjoka, kumene anatsegula malo opangira magetsi a sola a mamegawati 60 mu Novembala 2021, likutiwotcha tonse koma magetsi ake amalowa kaye m'mawaya a dziko lonse. Amene mukusankha ntchito yoti muphunzire, ganizirani zimenezi. Telala wa makina opalasa ndi mmisiri womanga nyumba sadikira magetsi. Wowotcherera amadikira, apo ayi agule jenereta yamphamvu, ndipo mafuta ake amadya phindu.

Titamaliza anatiyesa mayeso a manja ndi olemba, ndinakhoza, ndinalandira satifiketi yokhala ndi chidindo cha TEVETA. Bungwe lija linatipatsanso zida zoyambira, koma m'magulu: anthu asanu, makina amodzi, grinder imodzi. Gulu lathu linatha miyezi inayi. Wina ankafuna shedi ikhale kwawo, wina ankalandira maoda mwamseri, wina anabwereka grinder kuti akagwire kaganyu ku Thavite, mpaka lero sinabwere. Sindikunena kuti magulu ndi oipa, koma gulu la anthu amene anakumanizidwa ndi ndandanda wa mayina, osalemberana kuti zida zizigona kuti, ndalama azisunga ndani, wotuluka atenga chiyani, limatha ndi udani. Atsikana atatu aja anakana kugawidwa, anapempha kukhala gulu limodzi ndi anyamata awiri ofatsa, anagula kope lolembamo chilichonse, ndipo shedi yawo ilipobe.

Ine ndinabwerera kwa madala ngati waganyu, ndikulipidwa pa oda. Ndinalowa banki m'khonde ya amayi a kutchalitchi kwathu, mwamuna ndekha pakati pawo, ndipo pogawana kumapeto kwa chaka ndinagula grinder yanga. Chaka chotsatira ndinagula kamakina ka inverter, kaja konyamula m'manja, kamene kamadya mayunitsi ochepa kusiyana ndi makina aja a mawaya opota okha. Anzanga ena anathamangira ngongole, ena ku NEEF, bungwe la boma lobwereketsa ndalama, ena kwa akatapila. Ngongole payokha si tchimo, koma maganizo anga ndi oti usakongole usanakhale ndi makasitomala ako amene amakufuna iweyo ndi dzina. Makina sakoka anthu. Anthu amabwera chifukwa anaona geti la mnansi wawo n'kufunsa kuti anapanga ndani.

Phunziro lina la masamu linandipeza mu Novembala 2023. Ndinali nditalandira oda yanga yaikulu yoyamba, geti lolowera galimoto, ndinatchula mtengo wapakamwa, ndinalandira dipoziti yochepa, ndipo kunena zoona theka lake ndinalipirira lendi. Patangopita masiku ochepa kwacha inagwa ndi 44 peresenti. Nditapita ku hardware mitengo inali itasintha, ena anali atatseka kaye mashopu kuti awerengetse. Kasitomala anati tinagwirizana kale, ndipo sankanama. Geti ndinapanga, ndinawonjezera ndalama zanga, ndinagwira ntchito masabata awiri kwaulere. Masiku ano koteshoni ndimalemba papepala, kope lina kwa kasitomala lina kwa ine: zitsulo zingati za saizi yanji, marodi, ma disc odulira ndi opalira, penti, thinner, mahinjesi, loko, mayunitsi a magetsi, wa kabaza kapena ngolo yonyamula, kenako ntchito ya manja anga payokha. Pansi ndimalemba kuti mtengowu ndi wa masiku seveni. Dipoziti ikalowa, tsiku lomwelo ndimakagula zitsulo, ndipo ngati kasitomala ali ndi nthawi timapitira limodzi. Ambiri mwa ife timagwa apa. Timaiwala ma disc ndi magetsi, timaiwala kudzilipira, ndiye timaoneka otanganidwa chaka chonse koma nsapato ndi yomwe ija.

Za satifiketi ena amati ndi pepala chabe, chofunika ndi dzanja. Kwa kasitomala wa mbaula ndi mpando wa njinga, n'zoona, safunsa. Koma kontilakita wina atapeza ntchito yomanga midadada ya sukulu n'kufuna oika mawindo ndi zitseko, anafunsa mapepala, ndipo ntchito inagwera ine, madala amene anandiphunzitsa n'kutsala. Zinandichititsa manyazi moti ndinawatenga kuti tigwire limodzi, iwo n'kumanditsogolera ngati kale. Akuluakulu a kale ankayesedwa trade test, kuyambira Grade 3 kukwera mpaka Grade 1, koma madala sanapiteko, ankati alibe nthawi. Pano TEVETA ili ndi ndondomeko yotchedwa RPL, yoyesa munthu luso limene analiphunzira kale pantchito n'kumupatsa satifiketi osabwerera m'kalasi. Ndakhala ndikuwanyengerera, amangoti, "Andiyese ndani, ana aja?" Koma mwezi wathawu anandifunsa okha kuti mafomu ake amapezeka kuti.

Ineyo ndinabwerera kusukulu. Ndinalembetsa Fomu 3 pa open, ija ya masana imene imayamba ana a m'mawa akaweruka. Shedi ndimatseka 1 koloko, ndimasamba, koma fungo la chitsulo silichoka, ndipo ana a m'kalasi amanditchula kuti ankolo. Sabata yoyamba zinkandiwawa, pano ndimayankha. Kuti upeze MSCE pamafunika kukhoza maphunziro sikisi kuphatikizapo Chingerezi, limodzi mwa iwo ukhoze ndi credit, ndipo chimene chikundivuta tsopano si masamu ayi, ndi Chingerezi cholemba. Cholinga changa ndi kudzalowa pageti lija la ku Senga Bay, chifukwa pali kuwotcherera kwina, kwa mapaipi ndi kwa gasi, kumene pansi pa mtengo sungakuphunzire. Mlongo wathu wa ku Chipoka uja ndiye anayamba kubwerera, ndi amene anandiuza kuti lamulo lolola mtsikana kubwerera kusukulu akabereka lilipo kuyambira 1993, kungoti ambiri amaopa kusekedwa. Ndipo kwa amene kuwerenga kwenikweniko kumavuta, sukulu za kwacha zilipo m'midzi, si za agogo okha.

Mnyamata uja anabwera ndi mayi ake ndinamupatsa tepi, n'kulemba 1.5 m pansi ndi choko, ndinati andisonyeze. Anakoka, anayang'ana, anaika chala pa 105. Mayi ake anandiyang'ana kuti amve ngati wakhoza. Ndinalowa mushedi n'kutulutsa kachitsulo kamodzi mwa eyiti tija, kamene ndinapempha kwa madala ndipo ndimapachikapo helemeti, ndinakaika pambali pa tepiyo, kanafika pomwe panali chala chake.

Tinagwirizana kuti m'mawa azibwera kushedi, nkhomaliro ndi yanga, holder adzayamba kugwira pakatha miyezi iwiri, koma masana tizipitira limodzi ku open, iye Fomu 1, ndipo fizi yake mayi ake alipira akagulitsa mtedza. Anavomera mokhwinyata nkhope. Pa masabata atatu amene apitawa wajomba kusukulu kawiri, kushedi sanajombepo, ndipo dzulo wadula ma flat bar 24 a mamilimita 450, awiri okha ndi amene anaperewera.